Mabuku a za mafilimu ndi zochitika kuseri kwa kamera: mafunso ndi mayankho

Awa ndi mafunso omwe amabwerabwera kuchokera kwa anthu okonda mafilimu. Ena ndi achinyamata omwe ayamba kujambula timafilimu tawo pafoni, ena amangofuna kudziwa kuti kamera ikazima kumachitika zotani. Ophweka ali pamwamba, ndiye ngati lanu simukuliona tsikani nalo m'munsimu.

Mabuku ake ndi otani, ndi nkhani ya mufilimu yolembedwa m'buku?

Ayi. Buku losandutsidwa filimu ndi nkhani ina, ngati lija la William Kamkwamba lomwe Chiwetel Ejiofor anadzalijambula kuno ku Malawi n'kutuluka mu 2019. Apa tikunena mabuku ofotokoza ntchito yeniyeniyo: ndalama zinachokera kuti, anasankha akita ndani, dayilekita anakangana ndi ndani, n'chifukwa chiyani mathero anasinthidwa. Olemba ake ena ndi anthu a m'katimo, ena ndi atolankhani, ena aphunzitsi a kuyunivesite, ndipo kusiyana kumeneku si kwamasewera, muona pa funso la kukhulupirika.

Ndiyambe ndi liti?

*Making Movies* la Sidney Lumet, la 1995. Ndi lalifupi, Chingerezi chake chosavuta, ndipo mkuluyu amakuyendetsani ntchito yonse kuyambira kusankha sikiripiti, kuyeserera ndi ma akita, kamera, zovala, mpaka tsiku lomwe filimu ikuonetsedwa kwa anthu. Amafotokoza mwachitsanzo kuti mu *12 Angry Men* ya 1957, yomwe pafupifupi yonse ili m'chipinda chimodzi, ankasintha malenzi komanso kutsitsa kamera pang'onopang'ono filimu ikamapita, kuti woonera azimva ngati makoma akumupanikiza koma osadziwa chikumupanikizacho. Muli kankhani kena koti anafunsa Akira Kurosawa wa ku Japan chifukwa chomwe anaikira kamera pamalo penapake mufilimu yake ya makedzana, iye n'kuyankha kuti akanangoipotolera pang'ono kumanzere ikanaonetsa fakitale ya Sony, kumanja bwalo la ndege. Basi, luso lonse lija lomwe anthu amalitama, pena chimakhala chifukwa chake ndi chimenecho.

Mukamaliza pitani pa *Adventures in the Screen Trade* la William Goldman, la 1983. Ameneyu anali wolemba masikiripiti, anapata ma Oscar awiri, ndipo mfundo yake yomwe inatchuka ndi yoti m'bizinesi imeneyi palibe amadziwa kalikonse, ngakhale bwana wamkulu bwanji sangadziwiretu kuti filimu iyi igulidwa kapena ayi. Umboni wake ndi woti *Raiders of the Lost Ark* anaikana masitudiyo onse kupatula Paramount, ndipo Universal inakana *Star Wars*.

Bwanji mabuku ambiri otchuka amakamba za mafilimu omwe anagwa?

Chifukwa filimu ikachita bwino aliyense amati nzeru zinali zanga, anthu amangoyamikirana ndiye simuphunzirapo kanthu. Ikagwa m'pamene makalata, mabajeti ndi mikangano zimatulukira poyera. Kwa ine mabuku abwino kwambiri ali m'gulu limeneli.

Tengani *Final Cut* la Steven Bach, la 1985. Bach anali mmodzi mwa mabwana a United Artists, situdiyo yomwe anaiyambitsa a Charlie Chaplin ndi anzake mu 1919. Anapatsa ntchito dayilekita Michael Cimino, yemwe anayamba kujambula atangochoka kowina ma Oscar ndi *The Deer Hunter*, ndiye palibe ankafuna kumuuza kuti ayi. Filimu yake *Heaven's Gate* anaivomereza pa madola pafupifupi 11 miliyoni, inathera pa 44 miliyoni, ndipo ku masinema a ku America inabweza osafika 4 miliyoni. Mkuluyu ankatha kulamula kuti msewu wonse womangidwa kale pa seti ugwetsedwe umangidwenso chifukwa sunamusangalatse, chinthu chimodzi kuchijambula kambirimbiri, ndiye atabweretsa filimu kwa mabwana inali ya maola opitirira asanu. Chomwe chimakoma m'bukuli si misala ya Cimino yokha ayi, koma mmene anthu ophunzira bwino, odziwa masamu, ankakhalira pamsonkhano mwezi ndi mwezi akuona ndalama zikulowa m'madzi koma n'kumati tawononga kale zambiri sitingasiyire panjira. Mu 1981 United Artists inagulitsidwa kwa MGM, Bach ntchito inamuthera.

*The Devil's Candy* la Julie Salamon, la 1991, ndi losiyana chifukwa wolemba wake anali mtolankhani wa Wall Street Journal yemwe Brian De Palma anamulola kukhala nawo paliponse akujambula *The Bonfire of the Vanities*, pa nthawi yomwe aliyense ankaganiza kuti filimu yokhala ndi Tom Hanks ndi Bruce Willis singagwe. Munalibe chigawenga m'menemo, anali mantha basi. Ankaopa kuti anthu adana ndi mwini nkhani ndiye anamufewetsa, ankaopa kuti anenedwa za tsankho ndiye jaji wa mufilimuyo anamusintha n'kuika akita wakuda Morgan Freeman, chilichonse chinkaoneka chanzeru pachokha koma zitaphatikizana filimu inasukuluka. Muli ndi nkhani ya kachidutswa ka masekondi ngati khumi, ndege ya Concorde ikutera dzuwa likulowa, komwe kanadya madola 80,000.

Gogo wa mabuku amtunduwu ndi *Picture* la Lillian Ross, la 1952, lomwe limatsata John Huston akujambula *The Red Badge of Courage*, kenako mabwana a MGM n'kuiduladula iye atapita kale ku Africa kukajambula ina.

Ndikufuna mbiri ya Hollywood yeniyeniyo, inayamba bwanji?

*An Empire of Their Own* la Neal Gabler, la 1988, limakamba za anthu omwe anamanga masitudiyo akuluakulu, ambiri anali Ayuda osauka ochokera ku Europe kapena ana awo: Carl Laemmle wa Universal, Adolph Zukor wa Paramount, Louis B. Mayer wa MGM, abale a Warner. Ambiri anayamba ndi kuonetsa mafilimu m'tinyumba totchipa asanayambe kupanga awo. Makampani anasamukira ku California chifukwa cha dzuwa la chaka chonse, malo otchipa, komanso kutalikira Thomas Edison yemwe ankathamangitsa anthu kukhoti pa nkhani ya makina ake.

Mmene situdiyo inkayendera ngati fakitale zili mu *The Genius of the System* la Thomas Schatz, nalonso la 1988. Akita ankasaina kontirakiti ya zaka 7, osasankha filimu yoti achitemo, akakana amamuimitsa opanda malipiro. Masitudiyo anali ndi masinema awoawo mpaka 1948 pomwe khoti lalikulu la ku America linalamula kuti awagulitse, kenako TV inabwera n'kumalizitsa.

Za kusintha kwa m'ma 1960 werengani *Pictures at a Revolution* la Mark Harris, la 2008. Anatenga mafilimu asanu a 1967 omwe ankalimbirana Oscar, awiri mwa iwo muli Sidney Poitier, n'kutsata iliyonse kuyambira ili papepala. Za m'ma 1970, nthawi ya a Coppola, Scorsese ndi Spielberg, lotchuka ndi *Easy Riders, Raging Bulls* la Peter Biskind, koma limeneli onani kaye funso la kukhulupirika.

Pakati pa pulojusa ndi dayilekita bwana ndani?

Pa seti ndi dayilekita, pa ndalama ndi pulojusa, ndipo pamwamba pa onse pali situdiyo kapena aliyense yemwe waika ndalama. Nkhondo yeniyeni imakhala yoti womaliza kudula filimu ndi ndani, ndipo madayilekita omwe ali ndi mphamvu imeneyo m'kontirakiti ndi ochepa zedi. Kuti muone mbali ya pulojusa pali *The Kid Stays in the Picture* la Robert Evans, yemwe ankayendetsa Paramount nthawi ya *The Godfather*, ndi *You'll Never Eat Lunch in This Town Again* la Julia Phillips, mzimayi woyamba kutenga Oscar ya filimu yopambana zonse ngati pulojusa, ndi *The Sting* ya 1973.

Zomwe amalemba m'mabukumu n'zoona kapena ndi mijedo chabe?

Zonse zilimo. Funso loyamba muzidzifunsa ndi loti wolembayu anali pati zikuchitika, nanga apindula chiyani ine ndikamukhulupirira. Evans amalemba mokoma kwabasi koma fumbi ndiwe mwini, iye amati *The Godfather* anaipulumutsa ndi iyeyo pomwe Coppola, dayilekita wake, anakanitsitsa. Phillips analemba ali ndi mkwiyo, ntchito itamuthera chifukwa cha mankhwala osokoneza bongo, ndiye aliyense anamulasa, ngakhale iye mwini sanadzisiye. Biskind anafunsa anthu ambirimbiri koma ambiri mwa omwe anawalemba anadandaula kuti anangotola zoipa zokhazokha, zina zochokera kwa akazi awo akale ndi anzawo omwe anayambana nawo. *Hollywood Babylon* la Kenneth Anger ndiye musalitenge ngati mbiri n'komwe, nkhani zake zambiri akatswiri anazitsutsa kalekale.

Olimba ndi omwe wolemba analipo yekha akulemba tsiku ndi tsiku, ngati Ross ndi Salamon aja, kapena *Notes* la Eleanor Coppola yemwe ankalemba dayale mwamuna wake akujambula *Apocalypse Now* ku Philippines, mphepo yamkuntho itagwetsa maseti, Martin Sheen atadwala mtima. Enanso ndi omwe anafufuza m'makalata a masitudiyo ngati Schatz, kungoti amenewa sakoma kuwerenga pabedi.

Komanso buku litha kunena zoona n'kusiya chachikulu. Biskind yemweyo analemba *Down and Dirty Pictures* mu 2004, pulojusa Harvey Weinstein ali tho m'menemo, kukalipa, kuopseza, kudula mafilimu a anthu, koma za nkhanza kwa amayi zinadikira mpaka 2017.

Filimu yapanga mamiliyoni koma akuti sinapindule, zimatheka bwanji?

Aliyense amene anaonerako *Coming to America* ya Eddie Murphy, ya 1988, awerenge *Fatal Subtraction* la Pierce O'Donnell ndi Dennis McDougal. Wolemba wina, Art Buchwald, anasumira Paramount kuti ganizo la filimuyo linali lake, ndipo khoti linagwirizana naye. Kontirakiti yake inkati adzalandira gawo la phindu, ndiye Paramount inati phindu palibe, pa filimu yomwe inatolera madola oposa 280 miliyoni padziko lonse.

Masamu ake amayenda chonchi. Eni masinema amatenga gawo lawo kaye, pafupifupi theka. Pa zotsalazo situdiyo imadzilipira yokha chifukwa chogawa filimu, mwina 30 peresenti, imachotsa za otsatsa malonda, imachotsa ndalama zojambulira, imawonjezera za maofesi ake, kenako imadzitchaja chiwongoladzanja pa ndalama zomwe yadzibwereka yokha, ndipo ma akita akuluakulu omwe anasaina kuti azidya pa ndalama zolowa osati pa phindu amakhala atatapa kale. Pofika pansi pa pepala ndi ngongole yokhayokha, chonsecho situdiyo yadya kangapo. Jaji ananena kuti kawerengedwe kameneka n'kopanda chilungamo, Paramount inagwirizana naye Buchwald kunja kwa khoti, ndipo kawerengedwe kake sikanathe. Edward Jay Epstein mu *The Hollywood Economist* amafotokoza zambiri zotere mwachidule.

Ndilibe ndalama koma ndikufuna kupanga filimu, lingandithandize ndi liti?

*Rebel Without a Crew* la Robert Rodriguez, la 1995. Ndi dayale ya mnyamata wa zaka 23 yemwe anajambula *El Mariachi* m'katawuni ka ku Mexico ndi madola pafupifupi 7,000, zina anazipeza podzipereka kuti azimuyesera mankhwala atsopano kuchipatala. Kamera inali yobwereka, mawu ankajambula padera, pofuna kuti kamera iziyenda ankakhala pa wilitcheya wina n'kumamukankha. Phunziro lalikulu ndi loti analemba nkhani molingana ndi zomwe anali nazo kale, bala, basi, njinga yamoto, galu, osati kulemba za helikopita kenako n'kumadandaula kuti ma sponsa kulibe. Koma dziwani kuti Columbia itaigula inathiramo ndalama zochuluka kuposa 7,000 ija kuti ikonze mawu ndi chithunzi isanapite ku masinema.

Lachiwiri ndi *In the Blink of an Eye* la Walter Murch, la kudula filimu. Murch amaedita ataimirira, ndipo pa zinthu zisanu ndi chimodzi zomwe amayang'ana asanadule, mmene woonera akumvera mumtima amazipatsa 51 peresenti, nkhani 23, zina zonse zimagawana zotsalazo. Amene mumasiya munthu akuyenda kuchoka pageti mpaka pakhomo mphindi zitatu nyimbo ikulira, buku lanu ndi limeneli.

Nanga za Nollywood ndi mafilimu a mu Africa?

Alipo, kungoti ambiri analembedwa ndi anthu a kuyunivesite ndiye mitengo yake ndi kalembedwe kake n'kolemera. Losavuta kuyamba nalo ndi la Emily Witt, *Nollywood: The Making of a Film Empire*, la 2017, lalifupi. Lozama ndi la Jonathan Haynes, *Nollywood: The Creation of Nigerian Film Genres*, la 2016. Onse amabwerera ku *Living in Bondage* ya 1992, ya m'Chiigbo, yomwe wamalonda Kenneth Nnebue anaitulutsa pa matepi a vidiyo osadutsa ku sinema. Omwe ankaika ndalama anali ogulitsa a m'misika ngati Idumota ku Lagos ndi ku Onitsha, filimu kujambulidwa sabata imodzi kapena ziwiri, kugulitsa msanga okopera asanaigwire, ndipo Part 1, Part 2 ija yomwe inkatipsetsa mtima inali njira yogulitsa kawiri nkhani imodzi. Munthu wopanga mafilimu ku Blantyre kapena ku Lusaka aphunzira zambiri apa kuposa pa mabuku a Hollywood, mavuto ake ndi ofanana: masinema ochepa, okopera ambiri, magetsi osadalirika.

Za mbali ya maiko olankhula Chifalansa pali *African Cinema: Politics and Culture* la Manthia Diawara, la 1992, ndi *Black African Cinema* la Nwachukwu Frank Ukadike, la 1994. M'menemo mukumana ndi Ousmane Sembène wa ku Senegal, yemwe ankagwira ntchito padoko ku Marseille, n'kukhala wolemba mabuku, kenako n'kukaphunzira za mafilimu ku Moscow ataona kuti anthu akwawo ambiri sangawerenge zomwe amalemba. Mumvanso za FESPACO, chikondwerero cha mafilimu cha ku Ouagadougou, ku Burkina Faso, chomwe chinayamba mu 1969.

Alipo okhudza kwathu kuno?

Okhudza nthawi ya atsamunda alipo, ndipo ndi osangalatsa kuposa mmene mungaganizire. M'zaka za 1935 mpaka 1937 kunali ntchito yoyesera yotchedwa Bantu Educational Kinema Experiment, ankajambula timafilimu tophunzitsa ku Tanganyika n'kumayenda nato pa lole mpaka ku Nyasaland ndi Northern Rhodesia, ndipo omwe ankayendetsa analemba buku lakuti *The African and the Cinema* mu 1937. Kenako kuyambira 1948 mpaka 1963 kunali Central African Film Unit, likulu lake ku Salisbury (Harare ya lero), yopangira mafilimu maiko atatu a Nyasaland, Northern Rhodesia ndi Southern Rhodesia. James Burns anailemba mu *Flickering Shadows* la 2002. Mafilimu ake ambiri anali a munthu wochenjera ndi wopusa, wina wamvera alangizi wakolola, wina wakana wavutika, ndiye azungu ankadabwa kuti anthu akuseka posayenera kuseka, pena kuchemerera wopusa yemweyo, iwo n'kumati Afirika samvetsa kanema pomwe anthu ankamvetsa bwinobwino, kungoti ulaliki wake sankaufuna.

Chinanso chodabwitsa ndi Hortense Powdermaker, mayi wofufuza za chikhalidwe cha anthu. Anakakhala ku Hollywood n'kulemba *Hollywood, the Dream Factory* mu 1950, kenako anabwera ku Luanshya ku Copperbelt n'kulemba *Copper Town* la 1962, momwe muli zomwe anthu a kumigodi ankakuwa ndi kukambirana akuonera mafilimu a makauboyi. Aliyense amene anakhalapo mu vidiyo shoo azizindikira nthawi yomweyo.

Za masiku ano, za a Shemu Joyah ndi *Seasons of a Life* kapena *The Last Fishing Boat*, muzipeza kwambiri m'manyuzipepala ndi m'zolemba za ophunzira a kuyunivesite.

Ine ndinakulira pa makarate ndi mafilimu a Amwenye, kulibe anga?

Alipo. *I Am Jackie Chan* la 1998, gawo lokoma ndi la ubwana wake, zaka khumi pasukulu ya zisudzo ku Hong Kong komwe ankakwapulidwa limodzi ndi Sammo Hung, komanso tsiku lomwe anagwa mumtengo ku Yugoslavia akujambula *Armour of God* n'kusweka chigaza. Za Bruce Lee tengani la Matthew Polly la 2018, chifukwa za ameneyu mabodza ndi ochuluka. Ku India, Anupama Chopra analemba *Sholay: The Making of a Classic*, za filimu ya 1975 yomwe masiku oyamba anthu ankati yagwa, kenako inakhala zaka zisanu musinema imodzi ku Bombay.

Nanga za nkhanza ndi tsankho?

*She Said* la Jodi Kantor ndi Megan Twohey komanso *Catch and Kill* la Ronan Farrow, onse a 2019, amaonetsa mmene maloya, mapangano otseka pakamwa ndi akazitape olipidwa ankabisira za Weinstein zaka zambirimbiri. Ndi mabuku a utolankhani kwambiri kuposa a mafilimu. Za anthu akuda mu Hollywood poyambira ndi Donald Bogle, yemwe mu 1973 analemba za mitundu yochepa ya mbali zomwe akuda ankaloledwa kuchita, wantchito, woseketsa, woopsa. Hattie McDaniel, wakuda woyamba kuwina Oscar mu 1940, pamwambo womwewo anamukhazika patebulo lapadera.

Ndiyenera kuonera kaye filimuyo ndisanawerenge?

Zimatengera buku. *Final Cut* ndi *The Devil's Candy* mutha kuwerenga osaonerako n'komwe, ndipo *The Jaws Log* la Carl Gottlieb limakoma ngakhale munaiwala filimu yake, ndi nkhani ya shaki ya makina yomwe inkangowonongeka m'madzi amchere mpaka masiku 55 ojambula anasanduka 159. Koma la François Truffaut lomwe anacheza ndi dayilekita mnzake Alfred Hitchcock mu 1962, filimu imodziimodzi, limeneli popanda kuonera mungotopa nalo, komanso amaulula mathero onse.

Ndingawapeze kuti?

M'mashopu a mabuku kwathu kuno musayembekezere zambiri, amadzadza ndi a sukulu ndi a tchalitchi. Yesani kwa ogulitsa mabuku akale m'mbali mwa msewu, pena mumapezeka zodabwitsa pamtengo wa chipisi, yesaninso ku National Library ndi malaibulale a mayunivesite makamaka pa mabuku a za Africa aja. Pa intaneti ambiri alipo pa Kindle ngati khadi lanu likulola kulipira kunja, ndipo ena akale amabwerekeka pa Internet Archive mukatsegula akaunti yaulere. Ngati muli ndi m'bale ku Johannesburg kapena ku UK mutumeni akayang'ane ogwiritsidwa kale ntchito, a Goldman, Lumet ndi Biskind anasindikizidwa ochuluka ndiye amatchipa. Mumutumizire dzina la wolemba osati mutu wokha, chifukwa mitu ina imafanana: *The Big Picture* alipo la Epstein la 2005 komanso la Ben Fritz la 2018, lomwe anatsamira pa maimelo a Sony omwe anabedwa mu 2014.